Gasi wa M'minibasi ya Alamu

Katherine, 24 Ogasiti

Okondedwa mayi a Mereoni,

Landirani moni wanga, inu ndi mwana wathu, ndiponso atate anu. Ine kuno ndili bwino, kupatula msana umene wayamba kundikumbutsa zaka zanga. Kaya inu kumeneko ku chilumba cha Kadavu? Chifuwa cha Mereoni chija chinatha?

Ndabwereranso ku pepala chifukwa foni yathu mukuidziwa: mukwere phiri, mawu aduke katatu, theka la mudzi litakhala pamwala pomwepo makutu ali tcheru. Zina ndimafuna muzimve nokha.

Ndatumiza madola mazana anayi. Mugule malata asanu ndi limodzi a kukhitchini mvula isanayambe, otsalawo mugulire mwana nsapato. Kava wa m'munda umene atate anu anatipatsa, mbewu ya chakumwa chathu chija, musamuzule chaka chino, ngakhale ogula akunyengerereni bwanji. Adikire chaka chake chachinayi.

Mwati amayi anzanu a kutchalitchi akunena kuti ndinabwera ku Australia kudzakonza mafiriji. Musakangane nawo, sanaphonye patali. Ndimakonza eyakoni ya m'galimoto. Kuno munthu amalolera kuyenda ndi galimoto yopanda bampala ndi hutala, koma yosazizira mkati ayi. Kutentha kukangoyamba mwezi wa mawa, mzere umafika kumsewu, ndipo aliyense nyimbo yake ndi imodzi: "Ingondithirirani gasi, ndikuthamangira."

Mwini garaja, a Des, ndi mdala wogontha khutu limodzi, ndipo khutu logonthalo ndi limene amalozetsa kwa anthu othamanga. Akatha kudandaula amawayankha kuti, "Gasi satha ngati petulo, achimwene. Ngati mulibe ndiye kuti wathawa, ndipo pamene anathawira pakadali potsegula." Lamulo lawo ndi limodzi basi: sitithira gasi m'galimoto yodontha. Timayamba takoka wotsalayo n'kumutsekera m'botolo. Kenako timapopera mpweya wina wosayaka kuti tipeze pobooka, n'kukonza. Tikatero pampu imakoka mpweya ndi chinyezi chonse kwa theka la ola, ife maso pa geji. Muvi ukapanda kusuntha m'pamene timathira, pa sikelo, osati mongoyerekeza. Pomaliza timamata sitika pansi pa boneti yonena gasi amene tathira ndi dzina la wothira. Dzina la mwamuna wanu likuyenda m'magalimoto oposa mazana awiri m'tauni muno, ndipo sindibisa, zimandinyaditsa.

Mapepala anga okhalira kuno ali m'dzina la garaja ya a Des. Akuti ndikatha chaka china chimodzi popanda mlandu, adzandithandiza kuti inu ndi mwana mubwere.

Ndamva kuti alamu anga a Inoke akubweranso mwezi wa mawa kudzathyola mango. Ndakondwa kwabasi. Muwauze kuti mimba yawo ija aisiye komweko, ndege ili ndi malire a katundu. Mlongo wanu ameneyu sindimuiwala. Pamene atate anu ankati mwana wawo sangakwatiwe ndi munthu wa m'tauni ya Suva wonunkha girizi, wopanda ngakhale munda, anali iyeyo amene anakhala nawo pansi masiku atatu mpaka anavomera.

Ndine mwamuna wanu,
Sakiusa

Katherine, 28 Seputembala

Okondedwa mayi a Mereoni,

Moni nonse kumeneko. Ndili bwino, ndipo ndasangalala kumva kuti mwana wachira. Kuno dzuwa layamba ukali wake, mitambo imangosonkhana masana n'kubalalika osagwetsa dontho. Malaya ndimasintha kawiri pa tsiku.

Alamu anafika bwino, ndipo nsomba zouma zija ndalandira. Loweruka lapitali anatulukira pa garaja ndi minibasi yoyera imene agula pamodzi ndi anzawo asanu ndi awiri, yoti iziwatengera kumunda, kutchalitchi ndi kogula zinthu. Utsi kumbuyo, hutala kutsogolo, mutu wawo uli pawindo.

"Alamu! Munatitengera mlongo wathu wodziwa kuphika, ife tikuonda. Lero mutibwezereko kamphepo."

"Kuonda kwake n'kumeneku?" ndinatero ndikuwasisita pamimba. "Taonani minibasi yapendekera mbali ya dalaivala."

A Des anaseka mpaka kutsokomola. "Saki, ameneyu ndiye m'bale wako uja? Ndaona tsopano amene amadya gawo lako. Iyeze galimotoyo, sindilipiritsa."

Ndinaiyeza. Paipi zakutsogolo zili bwino, kompuresa ikadali ndi moyo. Koma nditaika kachipangizo kathu konunkhiza gasi pa timabowo totulutsa mphepo mkati, kanalira ngati kaponderezedwa. Kuseri kwa dashibodi kumakhala kabokosi kangati karediyeta, kamene kamazizira. Kameneko kaola, ndipo kakudonthera mkati momwe mumakhala anthu. Kuti ukafike uyenera kuchotsa dashibodi yonse, chiwongolero ndi mawaya ake, ntchito ya masiku awiri. A Des anati kwa ena ndi madola chikwi chimodzi ndi mazana asanu ndi awiri, koma poti ndi m'bale wanga atsitsa mazana asanu.

Alamu anagwira kumutu. "Bwana, minibasi yonseyi tagula zikwi zitatu! Ndiye kamphepo kokha kadye theka la galimoto? Ingothirani, ikatha tidzabweranso."

A Des anawalozetsa khutu logontha lija.

Potuluka alamu anandikokera pambali. "Mzunguyu ndi wake malamulo, alamu. Koma inu ndi ife. Mango ndi milungu khumi yokha." Ndinawauza kuti pakadali pano atsegule mawindo. Anaseka, koma sikunali kuseka kwawo kuja mukukudziwa.

Muwamvetse. Kumunda kwawo ndi mtunda wa mphindi makumi anayi pa msewu wa fumbi lofiira. Ukatsegula mawindo umafika ngati wagubuduzika pachulu, ukatseka umapsa. Amaweruka manja atatupa ndi utomoni wa mango. Ndikuwamvera chisoni, koma gasi wa garaja sindingamuthire m'galimoto yotero, ndipo chitupa changa chogwirira gasi chikhoza kulandidwa.

Chinangwa chozizidwa mufiriji pano chafika madola asanu ndi anayi paketi, ndipo n'chowawa. Mukamadya chathu muzindikumbukira. Mpanda wa nkhumba muwauze a Inoke aang'ono a kwa azakhali anu aukonze, ndidzawaona.

Ndine mwamuna wanu,
Sakiusa

Katherine, 15 Okutobala

Mayi a Mereoni,

Moni. Thupi lili bwino, koma mtima ayi. Mawu anu a pa foni Lamlungu akundiwawabe, ndipo poti mawu anaduka ndisanayankhe, ndiyankhe pano.

Mwamva mbali imodzi, imvani inanso. Lachisanu ataweruka alamu anandiitana kunyumba imene amagona. Ndinapeza mphasa yoyala, mbale ya kava pakati, onse asanu ndi atatu atakhala pansi. Ndinadziwiratu kuti si macheza. A Inoke anaika mtolo wa mizu ya kava patsogolo panga, anaomba m'manja, nthabwala zonse atazisiya panja.

"Kerekere, alamu," anatero, mawu athu aja a pempho limene m'bale sakana. "Tikukupemphani pamaso pa anthu awa. Dzana mnzathuyu mayi Torika anakomoka m'galimoto pobwera kumunda, tinachita kuwathira madzi m'mbali mwa msewu. Gasi wa abwana anu sitikumufuna. Tagula wathu. Tikungopempha manja anu."

Pambali pa mtolowo panali zitini zitatu. Gasi ameneyo amagulitsidwa kwa aliyense, ndipo ndi wotchipa. Kuziziritsa amaziziritsadi, sindinama, ndipo ena amamuthira m'galimoto zosadontha. Koma ndi m'bale wake wa gasi wophikira uja wa m'silinda. Amayaka. M'galimoto imene ikudonthera pa maondo a dalaivala, ameneyo si wothira.

Ndinafotokoza zonsezi. Wina kumbuyo anati, "Ku Suva mataxi onse amayendera yemweyo, afa angati?" Wina anati, "Achimwene akuopa abwana awo." Mukudziwa nokha kuti wokhudza mtolo wavomera. Manja anga ndinachita kuwakhalira. Pomaliza alamu anaubweza mtolowo okha, nkhope ili pansi. Chibadwire sindinachitepo manyazi otero, ndipo sindinamuonepo mlongo wanu atanyazitsidwa chotero, ndi ine amene.

Tsopano mwati atate anu anamva tsiku lomwelo, nati, "Ndinanena ine kuti wa ku Suva sadziwa chibale." Mwati mukuyenda chowerama m'mudzi. Mwati chibale ndi fupa, sichiola, koma changa chaola ndi madola. Mwati ndisankhe ngati ndili mkamwini wa atate anu kapena wa a Des. Mayi a Mereoni, zaka khumi ndi ziwiri ndakhala ndikuyesetsa kuti atate anu anditchule dzina langa m'malo moti "uja wa magalimoto". Mukuganiza kuti ndikanataya zimenezo chifukwa cha kuuma mtima?

Lamlungu kutchalitchi palibe amene anandisunthira pa benchi. Pa chakudya cha masana mbale ya koko inandidutsa kawiri. Alamu anandipatsa moni wa "Muli bwanji bambo Sakiusa", ngati ndine wa ku ofesi ya msonkho. Ndikanakonda akanandinyoza mimba kapena dazi monga kale.

A Des sindinawauze chilichonse. Za m'banja mwathu si zouza azungu, ndipo anatsitsa kale mtengo, ndingawapemphenso chiyani? Dzulo kunatentha madigiri makumi anayi ndi atatu. Tinakonza magalimoto asanu ndi anayi, onse a anthu osawadziwa, onse anatuluka akuzizira.

Mwana mumupsompsone. Ndikuganizabe.

Sakiusa

Katherine, 27 Okutobala

Okondedwa mayi a Mereoni,

Moni kwa inu ndi mwana, ndi kwa atate anu. Ndili bwino. Chakudya chokha ndiye sichikulowa masiku ano, mwina n'kutenthaku.

Ndatumiza madola mazana atatu. Mazana awiri ndi a chopereka cha denga la tchalitchi, muperekere m'dzina la atate anu. Enawo mugule shuga, sopo ndi mafuta a injini ya boti. Ngati malata aja sanakhomedwe, afulumire, mwezi wa mawa mphepo zamkuntho ziyamba.

Za minibasi zija musandifunsenso, makamaka pa foni. Alamu apeza njira yawo, ndipo akuyenda mozizira. Ine ndi iwo tayambanso kuyankhulana. Dzulo anandipatsa lichero la mango n'kunena kuti dazi langa lakula moti ndege zikhoza kuteramo. Lero kutchalitchi anthu anandisunthira pa benchi.

Chinthu chimodzi chokha ndikupempheni, poti inu amakumverani. Mukayankhula nawo muwauze asiye kusuta m'galimoto. Muwauzenso kuti akaisiya padzuwa aziyamba atsegula zitseko zonse asanalowe. Ndawauza kanayi, akungoseka. Musaiwale chonde, muwauze sabata inoyi. Mango atsala milungu isanu.

Mereoni muuzeni kuti chithunzi chake cha nsomba ndachimata pa bokosi langa la zipangizo.

Ndine mwamuna wanu,
Sakiusa

Adelaide, 9 Novembala

Mayi a Mereoni,

Moni. Ine ndili moyo. Zambiri munamva kale pa foni, koma munkalira ndipo sindikudziwa zimene zinakufikani.

Zinachitika Lachiwiri kumunda. Minibasi inakhala padzuwa tsiku lonse, yotseka. Poweruka alamu anatsogola okha kuti akailize, anzawo akafike muli kale mozizira. Analowa, anatseka chitseko, analiza injini, n'kuyatsa fodya. Mayi Torika akuti anangomva kuti phuu, magalasi n'kuthothoka. Anzawo anawakoka okha ndi manja. Palibe wina amene wavulala, kupatula awiri amene apsa zikhatho powakoka.

Ku chipatala cha ku Katherine ndinawapeza akuyankhula. Wapolisi anawafunsa kuti anathira gasiyo ndani, ndipo anayankha kuti anathira okha. Ndi zimene zalembedwa. Kenako madokotala anawagoneka tulo n'kuwaika paipi kukhosi, chifukwa moto unalowa mpaka m'mapapo. Ndege inawabweretsa kuno ku Adelaide, kumene kuli odziwa za opsa. A Des anandigulira tikiti osandifunsa kanthu.

Musafunse kuti akuoneka bwanji. Amangidwa nsalu thupi lonse, mapazi okha ndiwo ali pamtunda, ndipo ndimawagwira pamenepo. Ndimawaimbira nyimbo za kutchalitchi kwathu. Nesi akuti mwina amamva.

Akazi awo a Vasiti muwatenge azigona kwathu. Atate anu musawauze zonse nthawi imodzi. Kuno kukuzizira, ndabwereka juzi kwa m'busa wa anthu a kwathu amene akundisunga.

Pempherani. Ine ndikuyesa koma mawu sakutuluka.

Sakiusa

Katherine, 24 Novembala

Mayi a Mereoni,

Ndikupereka moni wa chisoni kwa inu, kwa a Vasiti ndi ana awo, ndi kwa atate anu. Za thanzi langa musadandaule nazo.

Anatisiya Lachinayi pa 14, cha m'ma teni koloko m'mawa, ndili pomwepo. Sanadzukenso chichokereni ku Katherine. Adokotala akuti sanamve ululu, ndipo ndasankha kuwakhulupirira.

Thupi silingatuluke msanga. Pali kafukufuku wa boma, kenako mapepala a ndege ndi a kazembe. Akuti pakati pa Disembala. Anthu a kwathu a ku Adelaide, a ku Darwin ndi a kuno asonkha mokwanira, eni munda nawonso athandiza, choncho za bokosi ndi ulendo musavutike nazo. Inu konzani za kumeneko: mphasa, nsalu, ng'ombe imodzi. Kava wathu uja zulani ndithu, chaka chachinayi chisakuvuteni. Ndibwera nalo ndekha thupilo, pa ndege mpaka ku Nadi, pa msewu mpaka ku Suva, kenako pa sitima.

Katundu wawo ndalongedza. Muli nsapato za mpira za mwana wawo wamkulu, zikadali m'bokosi, ndi mapoto awiri a a Vasiti. Anzawo anandipempha kuti ndiwatengere kumunda pa galimoto ya garaja masiku atsalawa. Ndimayendetsa mawindo ali otsegula, palibe amene amadandaula za fumbi.

Kawiri ndaimba foni nthawi imene tinapangana, simunakwere phiri. Lachitatu anayankha a Inoke aang'ono, ndipo anandiuza zimene zikunenedwa kumeneko. Akuti atate anu ananena pa bwalo kuti mwana wawo waphedwa ndi kukana kwa mkamwini. Akuti ndikanakhudza mtolo uja, munthu wodziwa ntchito akanathira bwinobwino, alamu sakanachita kuphunzira pa foni zinthu zosazidziwa. Akuti inunso munanena kuti manja anga ndinawasungira azungu.

Sindikukwiyirani. Ndawerenga mawu amenewo m'mutu mwanga kambirimbiri, ndipo pali zoti ndiyankhe, koma lero cholembera chikundilemera. Mvula yoyamba inagwa dzana. Anthu anatuluka m'masitolo kukaima pamsewu kuti iwanyowetse.

Sakiusa

Katherine, 8 Disembala

Litiana, mkazi wanga,

Moni kwa inu ndi mwana. Sindinena kuti ndili bwino, chifukwa m'kalata ino sindikufuna kunama ngakhale pa moni. Ndaipatsira mayi Torika amene akunyamuka mawa, kuti ikufikeni ine ndisanafike. Muiwerenge muli nokha.

Alamu sanathire okha gasi uja. Ndinathira ndine.

Linali Lamlungu pa 20 Okutobala, patatha sabata chiyankhulireni nanu pa foni. Loweruka poweruka ndinaika paipi ndi geji za garaja m'chikwama changa. Titatuluka m'tchalitchi ndinawatsatira kunyumba kwawo, ndinapempha kuti atulutsenso mtolo uja, ndipo ndinaukhudza ndi manja onse awiri. Alamu analira misozi. Anandikumbatira mpaka nthiti kuwawa, nati, "Ndinkadziwa ine kuti mlongo wanga sanakwatiwe ndi mwala."

Tinaimika minibasi pansi pa mtengo kuseri kwa nyumba. Sindinakoke mpweya theka la ola, sindinayang'ane muvi, chifukwa ndinkadziwa kale chimene muviwo ukananena. Ndinathira zitini ziwiri ndi theka. Ntchito yonse inatenga mphindi makumi awiri. Mphepo yozizira itatuluka onse analowa m'galimoto, n'kuyamba kuimba, injini ikulira pamalo amodzi. Sitika sindinamate. Aka kanali koyamba kuthira gasi m'dziko lino osalembapo dzina langa.

Ndinawauza kuti, "Alamu, fodya ayi muno. Windo limodzi lizikhala lotsegula pang'ono. Mango akangotha tiichotse dashibodiyi."

"Alamu inu," anatero, "munthu angagule mphepo n'kuitsegulira windo kuti ithawe? Khalani m'malo, mwagwira ntchito."

Ndinabwerera kwathu tsiku limenelo ndili wokondwa. Ichi ndicho chimandipweteka koposa. Ndinkadziwa chimene ndasiya kuseri kwa dashibodi ija, koma ndinayenda ndikuimba mluzu chifukwa ndinali mlamu wa munthu kachiwiri.

Ku chipatala kuja wapolisi atafunsa, alamu anandiyang'ana kaye. Milomo inali itatupa koma mawu anamveka. "Ndathira ndekha, bwana. Ndinaonera pa foni. Alamu angawa anandikaniza pamaso pa anthu, ndi munthu wouma mtima, funsani aliyense." Wapolisi atatuluka anandikodola ndi chala. "Mwamva? Musapusenso. Mubweretse mlongo wanga ndi mwana kuno." Ndiwo mawu awo omaliza kwa ine. Anzawo asanu ndi awiri aja anamva zimene ananena, ndipo onse atseka pakamwa mpaka lero. Boma latseka nkhaniyo.

Koma a Des ankadziwa. Nditabwerako ku Adelaide anandiitanira mu ofesi n'kutseka chitseko.

"Lolemba lija paipi zanga zinkanunkha gasi wophikira," anatero. "Ndinaganiza kuti wathandiza wina kukonza firiji ya msasa. Ndikanakufunsa. Chitsiru iwe, Saki, bwanji sunandiuze kuti akupanikiza?"

"Munali mutatsitsa kale mtengo, bwana. Ndinachita manyazi."

"Manyazi! Kabokosi kameneko kwa ophwasula magalimoto ndi madola mazana awiri. Ine ndi iwe tikanaichotsa dashibodiyo Loweruka ndi Lamlungu, ulere, ine ndikutukwana iwe ukugwira tochi. Unangofunika kutsegula pakamwa."

Mdala uja analira, Litiana. Kenako anati womwalira wanena zake ndipo iwo satsutsana ndi maliro, koma pa sitika yawo sindidzalembaponso dzina. Ndawabwezera makiyi. Mapepala aja atha, ndipo zobwera kuno inu ndi mwana ziiwaleni. Bodza limene mlongo wanu ananena ndi mpweya wake womaliza silinagule kanthu. M'bale ndinalephera kumukaniza, mlendo ndinalephera kumupempha, ndipo a Inoke ali m'bokosi.

Ndinaganiza zokhala chete. Ndikanalola kuti mudzi uzinditcha wouma mtima mpaka imfa, chifukwa ndikudziwa kuti mukawerenga izi mukumbukira mawu anu a pa foni aja. Koma sindingagone nanu nyumba imodzi mukundida pa mlandu wolakwika. Ndiye mvetsetsani bwino. Simunandikakamize ndinu. Inu simudziwa gasi. Atate anu sadziwa gasi, alamu sankamudziwa, ndi asanu ndi awiri ajanso. Pa anthu onse amene anayankhulapo pa nkhaniyi, wodziwa anali mmodzi, ndipo ndi amene anagwira paipi.

Tifika pa doko la Vunisea pa sitima ya Lachitatu pa 18. Maliro akatha ndidzapita kwa atate anu ndi dzino la namgumi monga mwa mwambo wathu wopepesera, ndidzakhala pansi pakhomo, ndipo ndidzanena zonsezi ndi pakamwa panga, a Vasiti ali pomwepo. Sindikukupemphani kuti mundiperekeze kapena kundiyankhulira. Amene ankandiyankhulira kwa atate anu ndi amene ndikubwera naye. Chimene angagamule ndidzalandira. Ndangofuna kuti inu musamvere pa gulu.

Mereoni musabwere naye ku doko. Bokosilo n'losatsegula, muwauziretu a Vasiti.

Ndine mwamuna wanu, ngati mungalolebe,
Sakiusa